Tifunseni za Kompyuta: magemu achuluka mu Steam, tiwapeza ndi kuwasanja bwanji?

Makalata ambiri a mwezi uno achokera kwa osewera magemu pa kompyuta, ndipo onse akudandaula za Steam, pulogalamu yogulira ndi kusewerera magemu yomwe inayamba mu 2003, ya kampani ya Valve ya ku Bellevue, m'boma la Washington ku America. Laibulale yake, komwe kumaoneka magemu anu onse, inamangidwanso mu 2019: anayamba kuiyesa mu Seputembala, n'kuipereka kwa aliyense pa 30 Okutobala. Mu Juni 2023 anasinthanso maonekedwe a pulogalamu yonse. Steam ilibe Chichewa, choncho mabatani tawatchula monga momwe alembedwera pa sikirini.

Akonzi, ndinagula gemu chaka chatha koma mu laibulale simukuoneka. Kodi Steam imalanda magemu? — Wosewera wa ku Chilomoni, Blantyre

Ayi achimwene, gemu yomwe munalipira imakhalabe pa akaunti yanu, ngakhale atasiya kuigulitsa. Rocket League inachotsedwa m'sitolo ya Steam mu 2020, koma amene anaigula kale adakali nayo. Nthawi zambiri gemu imakhala ilipo, kungoti china chake chaiphimba.

Yambani ndi pamwamba pa mndandanda wa kumanzere. Pali kabokosi kosankhira mtundu wa zinthu zoonetsedwa: Games, Software, Tools, Soundtracks ndi Videos. Ngati Games ilibe chizindikiro chochonga, magemu saoneka. Pambali pake pali timabatani tiwiri tomwe timasokoneza anthu kwambiri chifukwa tilibe mawu. Ka wotchi kamasanja magemu potengera amene mwasewera posachedwa, ndiye gemu imachoka pamalo pake a alifabeti. Kachiwiriko, kokhala ndi chizindikiro cha Play, kamabisa gemu iliyonse yomwe simunaiike pa kompyutayo. Munthu amakadina mwangozi, mndandanda wa magemu 200 n'kutsika kufika pa 9. Kadineninso kuti kazime.

Zikapanda kutheka, ganizirani dzina. Steam siwerengera mawu akuti The posanja, ndiye The Elder Scrolls V: Skyrim muipeza pa E, osati pa T. Magemu ena anasintha dzina: Counter-Strike: Global Offensive inasanduka Counter-Strike 2 pa 27 Seputembala 2023, ndipo dzina lakalelo mu mndandanda mulibenso. Ngati chomwe munagula chinali chowonjezera cha gemu ina, chomwe amachitcha DLC, sichikhala ndi mzere wakewake. Dinani gemu yaikuluyo ndi batani lakumanja la mausi, sankhani Properties, kenako DLC. Onaninso pa View, Hidden Games, mwina munaibisa nokha n'kuiwala.

Umboni womaliza uli pa dzina lanu pamwamba kumanja: Account details, kenako View purchase history. Gemu ikakhala kuti mulibe m'menemo kapena pa mndandanda wa ma license, ndiye kuti munaigulira pa akaunti ina, kapena inali ya Free Weekend, yongolawitsa masiku ochepa n'kutsekedwa.

Zikomo akonzi. Ndili ndi magemu opitirira 300, ambiri a m'mabandulo otsika mtengo (magemu angapo ogulitsidwa pamodzi). Ndikufuna kuwasanja koma sindikudziwa poyambira. Ma Categories akale aja anapita kuti? — Mphunzitsi wa ku Mzuzu

Ma Categories sanatayike aphunzitsi, anangosinthidwa dzina n'kukhala Collections, ndipo magulu amene munali nawo anasamuka okha. Kupanga gulu latsopano n'kosavuta: dinani gemu ndi batani lakumanja, Add to, New collection, lembani dzina. Mukhozanso kulowa pa tsamba la Collections, pa kachizindikiro ka timabokosi tinayi pafupi ndi Home. Musamaike gemu imodziimodzi. Gwirani Ctrl n'kumadina magemu amene mukufuna, kapena dinani yoyamba, gwirani Shift, dinani yomaliza kuti onse apakati asankhike, kenako akokereni limodzi m'gululo. Gemu imodzi ikhoza kukhala m'magulu angapo, ndipo kufufuta gulu sikufufuta magemu ake, sikuwachotsanso pa disiki. Amene simunawaike paliponse amatsalira pansi pa Uncategorized.

Cholakwa chomwe chimagwetsa anthu ulesi n'chakuti amayamba kusanja ndi manja motsata mtundu: a nkhondo uku, a mipikisano ya galimoto uku, a mpira uku. Pa magemu 300 ntchito imeneyi imadya Loweruka lonse, ndipo mukagula ena khumi yayambiranso. Zonsezo Steam imazidziwa kale, ndipo ikhoza kuzichita yokha monga tifotokozere pa funso lotsatirali. Manja anu agwire zokhazo zomwe Steam singadziwe: gemu yomwe mwaimaliza, yomwe mwaisiyira panjira koma mudzabwererako, yomwe inakutopetsani, yomwe laputopu yanu imaikana. Magulu anayi kapena asanu otere ndi okwanira. Akafika makumi awiri, mumayamba kusaka gulu musanasake gemu.

Magulu amandandalikidwa mwa alifabeti, kupatula Favorites yomwe imakhala pamwamba nthawi zonse. Kuti atsatane mmene mukufunira, yambitsani mayina ndi manambala: 01 Ndikusewera pano, 02 Zotsatira, 03 Ndinamaliza, 04 Ndinazisiya. Ikani ziro patsogolo kuti mndandanda usasokonekere mukadzadutsa 9. Mayina a Chichewa amalembeka bwinobwino. Favorites musaisandutse mndandanda wa magemu onse amene mumawakonda moyo wanu wonse. Ikanimo asanu kapena asanu ndi limodzi amene mukutsegula sabata ino, poti ubwino wake wonse ndi malo apamwambawo.

Kenako pitani pa Home, dinani Add shelf, musankhe gulu. Shelefu iliyonse ili ndi kasanjidwe kakekake pa Sort by: mwa alifabeti, maola amene mwasewera, tsiku lomaliza kusewera, tsiku lomwe gemu inatuluka, tsiku lomwe inalowa mu laibulale, kukula kwake pa disiki, ngakhale mmene osewera ena anaiyamikirira. Kwa munthu wa magemu a m'mabandulo, shelefu ya amene sanaseweredwepo yosanjidwa motsata Steam Review ndi yothandiza kuposa zonse, chifukwa abwino amayandama pamwamba, mankhusu n'kutsalira pansi. Mashelefu amakokedwa kukwezedwa kapena kutsitsidwa. Magulu amasungidwa pa akaunti, ndiye mukalowa pa kompyuta ina muwapeza.

Pali magulu ena okhala ndi chizindikiro cha mphezi. Amasiyana bwanji ndi enawo? Ine ndimafuna magemu oti ndizisewera ndi ana anga awiri pa TV imodzi. — Mayi wa ku Area 18, Lilongwe

Amenewo ndi ma Dynamic Collection mayi, ndipo ndi chinthu chabwino koposa chomwe laibulale yatsopanoyi inabweretsa. Gulu wamba lili ngati dengu: muli zomwe mwaikamo basi. La mphezi lili ngati sefa: mumaipatsa malamulo, gemu iliyonse yokwaniritsa malamulowo imalowa yokha, ngakhale yomwe mudzagule chaka chamawa.

Dinani kachizindikiro kali kumanja kwa bokosi losakira. Mutseguka gome la zosefera: Players, Play State, Genre, Hardware Support, Features, chilankhulo, matagi a m'sitolo, ndi dzina la mnzanu. Pa zomwe mukufunazo, chongani Local Multiplayer pansi pa Players, komanso Full Controller Support pansi pa Hardware Support ngati anawo amasewera ndi mapadi. Onjezani Ready to Play kuti pazioneka okhawo amene ali kale pa disiki, ana asamasankhe gemu yofunika kuidawuniloda usiku wonse. Mukaona kuti mndandanda wakhala bwino, dinani Save as Dynamic Collection, mulipatse dzina.

Zovuta zake ndi zitatu. Choyamba, tagi iliyonse yomwe mwaonjezera imapanikiza sefa, siikulitsa. Mukalemba Racing ndi Football, Steam ifuna gemu yokhala ndi matagi onse awiri, ndiye gulu likhoza kutsala lopanda kanthu. Mukafuna mitundu iwiriyo, pangani magulu awiri. Chachiwiri, matagi amaikidwa ndi osewera anzathu komanso opanga magemu, si a Valve amene amakhala pansi kuwaunika, choncho nthawi zina mupeza gemu yoopsa ili ndi tagi yachibwana chifukwa anthu ankangoseka. Poti nkhani ndi ya ana, muyang'ane mndandandawo ndi maso anu. Gemu yolowerera ichotseni podina kumanja, Remove from, ndipo Steam ikumbukira kuti imeneyo munaikana. Yomwe sefa yaidumpha mukhoza kuikokera m'gululo ndi manja. Chachitatu, chizindikiro cha Local Multiplayer sichinena kuchuluka kwa osewera. Cuphead ndi Portal 2 amalola awiri okha, pomwe Overcooked! 2 imalola anayi. Kwa inu atatu, onani tsamba la gemu m'sitolo musanalonjeze ana.

Sefa ya dzina la mnzanu anthu amaiiwala, chonsecho imathetsa mkangano wa "tisewere chiyani" m'masekondi ochepa: lembani dzina lake ndi Cooperative, muona magemu amene nonse muli nawo. Imagwira ntchito ngati mnzanuyo sanatseke mndandanda wa magemu ake.

Magemu anga ali pa hadi disiki yakunja. Magetsi atazima n'kuyakanso, onse akulemba Install ngati sindinawaikepo, koma mafoda alipo. Ndidawunilodenso ma GB onsewo? — Wophunzira wa ku Zomba

Musadine kalikonse mwaphuma, makamaka Uninstall. Mafayilo alipo, chomwe chasokonekera ndi kaundula wake.

Steam siyang'ana m'foda ya gemu kuti idziwe ngati gemuyo ilipo. Imawerenga kafayilo kakang'ono kotchedwa appmanifest, komwe kamakhala m'foda ya steamapps, kamodzi pa gemu iliyonse, kali ndi nambala ya gemuyo. Ka Dota 2 ndi appmanifest_570.acf, ka Counter-Strike 2 ndi appmanifest_730.acf, ka Portal 2 ndi appmanifest_620.acf. Magemu enieniwo amakhala mkati mwa steamapps, m'foda ya common. Pa disiki C njira yake ndi C:\Program Files (x86)\Steam\steamapps\common, pomwe pa disiki ina nthawi zambiri ndi D:\SteamLibrary\steamapps\common. Ndiye vuto lingakhale pawiri: Steam yataya foda yonse, kapena kafayilo kaja kawonongeka.

Ngati magemu onse a pa disikiyo asowa limodzi, ndi vuto loyamba. Mwina Steam inatseguka disiki isanadzuke, kapena Windows yaipatsa chilembo china, dzulo inali E lero ndi F chifukwa fulashi inalowa kaye. Tsekani Steam kwathunthu podina Steam, Exit. Kudina X kokha kumaisiya ikugwirabe ntchito kuseri. Onetsetsani kuti disiki ikuoneka mu File Explorer, tsegulaninso Steam. Zikakanika, pitani ku Settings, Storage, dinani dzina la disiki pamwamba, Add Drive, muilozere foda ya SteamLibrary yomwe ilipo kaleyo. Magemu abwerera nthawi yomweyo osadya MB imodzi. Kuti zisadzachitikenso, tsegulani Disk Management ya Windows, dinani disikiyo kumanja, Change Drive Letter and Paths, muipatse chilembo chakutali monga S, chomwe fulashi singalande.

Ngati yasowa ndi gemu imodzi kapena ziwiri, makamaka yomwe inali kulandira apudeti magetsi akuzima, ndiye kuti appmanifest yake yawonongeka. Koperani kaye foda ya gemuyo pena pake ngati malo alipo. Kenako dinani Install, musankhe disiki yomweyo. Steam ipeza foda, iyamba kuunika mafayilo amene alipo, n'kudawuniloda osowa okha. Musaimitse ntchitoyi n'kuifufuta pakati, chifukwa ikhoza kupita ndi foda yonse. N'chifukwa chake tati mukopere kaye. Chokwiyitsa n'chakuti Steam imafuna kuona malo opanda kanthu okwanira gemu yonse isanayambe, ngakhale mafayilo ali momwemo. Ikakana, sunthirani zinthu zina pa disiki ina kwa kanthawi. Pomaliza chitani Properties, Installed Files, Verify integrity of game files. Ndipo dziwani kuti ngati gemuyo yatulutsa apudeti m'masiku amenewo, imeneyo yokha mudawunilodabe.

Kwa inu ophunzira okhala ambiri malo amodzi, pali njira yomwe inabwera mu 2023 yotchedwa Game File Transfer over Local Network, pa Settings, Downloads. Mnzanu akakhala ndi gemuyo pa kompyuta yake, nonse muli pa rauta imodzi, ndipo nonse mwalola Steam Friends pamenepo, mafayilo amayenda kuchoka kwa iye kubwera kwa inu osadutsa pa intaneti. Gemuyo iyenera kukhala pa akaunti yanu, ndipo intaneti pang'ono imafunikabe kuti Steam itsimikize zimenezi.

Laibulale yatsopanoyi ikulemera pa laputopu yanga ya 4 GB RAM, komanso bandulo ikutha ndisanasewere n'komwe. Ndingabwerere ku yakale? — Wa ku Chipata, Zambia

Yakale inapita, Valve sinasiye batani lobwererako. Yatsopanoyi inamangidwa pa Chromium, injini yomwe imayendetsanso Google Chrome, ndiye mukatsegula Task Manager muona steamwebhelper ingapo ikudya RAM. N'chifukwa chomwechonso Steam inasiya kuthandiza Windows 7, 8 ndi 8.1 pa 1 Januwale 2024. Komabe mukhoza kuipeputsa kwambiri.

Pa Settings, Library, yatsani Low Performance Mode, yomwe imazimitsa zokongoletsa ndi kuyendayenda kwa zithunzi. Low Bandwidth Mode, yomwe imaletsa laibulale kumangokoka zinthu pa intaneti yokha. Ndi Disable Community Content, kuti tsamba la gemu lisamadzaze zithunzi ndi mavidiyo a anthu ena. Pa Interface, ikani Start Up Location pa Library, poti tsamba la sitolo lili ndi zithunzi zambiri zotsatsa malonda, ndipo zimitsani zoti Steam izidzuka limodzi ndi kompyuta. Ngati mumangofuna kudina gemu n'kusewera, View, Small Mode imakusiyirani kamndandanda ka mayina ndi bokosi losakira basi. Kwa laputopu ngati yanuyo, ife tingasankhe imeneyi.

Koma kunena zoona, zithunzi si zomwe zikumaliza bandulo yanu. Ndi maapudeti. Gemu iliyonse yomwe ili pa disiki imadzikonza yokha, ngakhale simunaitsegule chaka chonse. Lowani Properties, Updates pa gemu iliyonse yaikulu, musankhe zoti izilandira apudeti pokhapokha mukaitsegula. Pa Settings, Downloads, gwiritsani ntchito Schedule auto-updates kuika maola a bandulo yausiku ngati mumagula yotero, ikaninso malire pa Limit download speed, ndipo Download region ikhale ya ku South Africa, monga Johannesburg, yomwe ili pafupi nafe. Pansi pa tsamba lomwelo pali Shader Pre-Caching, yomwenso imadawuniloda timafayilo pafupipafupi; kuizimitsa kumapulumutsa bandulo, ngakhale magemu ena amayamba mwadodoma ulendo woyamba.

Pa magemu osewera nokha, njira yeniyeni ndi Steam, Go Offline. Chitani zimenezi intaneti ikadalipo, mutalowa mochonga kuti ikukumbukireni, gemu itamaliza apudeti ndipo mutaitsegulapo kamodzi. Gemu yomwe yayamba apudeti n'kulekera panjira imakana kutseguka mpaka itamaliza.

Pali magemu ena omwe sindifuna anzanga aziona kuti ndimasewera. Ndikawabisa zatha? — Wosatchula dzina, Mangochi

Sizinathe. Pali zinthu zitatu zofanana maonekedwe koma zosiyana ntchito, ziwiri zoyambirira podina kumanja n'kusankha Manage.

Hide this game imangochotsa gemu pamaso panu. Anzanu amaonabe kuti muli nayo, maola ake, ndi nthawi yomwe mukuisewera. Ntchito yake ndi kusesa: mademo, ma Public Test, magemu a m'mabandulo omwe simudzawakhudza. Kuibweza ndi View, Hidden Games, Manage, Remove from Hidden. Yomwe mukufuna inu ndi Mark as Private, yomwe inafika kwa onse mu 2024. Imabisira anthu ena umwini wa gemu, maola ndi zoti mukusewera, koma mu laibulale yanu imaonekabe. Mukafuna zonse ziwiri, chitani zonse ziwiri. Yachitatu, kuchotsa gemu pa akaunti, musaigwiritse ntchito pofuna kungokonza m'nyumba, chifukwa ndalama sizibwerera.

Kubisa si loko. Mwana wodziwa kuwerenga apeza Hidden Games tsiku lomwelo. Kuletsa ana kumafuna akaunti yawoyawo pansi pa Steam Families, njira yogawana magemu m'banja, pomwe kholo limasankha magemu ndi maola.

Ndinaika emulator (pulogalamu yosewerera magemu a makina ena) ndi magemu a ku sitolo ya GOG mu Steam koma akuoneka ngati mabokosi otuwa. — Wa ku Tete, Mozambique

Gemu yolowetsedwa kudzera pa Add a Game, Add a Non-Steam Game ndi njira yachidule chabe yolozera fayilo ya .exe. Steam siidziwa, ndiye ilibe chithunzi kapena matagi, ndipo gulu la mphezi losefa ndi matagi siliigwira, muikokeremo nokha. Chithunzi choimirira chikhale cha mapikiselo 600 ndi 900: dinani bokosi lotuwalo kumanja, Manage, Set custom artwork. Chachitali cha pamwamba pa tsamba la gemu ndi 1920 ndi 620. Dinani pamenepo kumanja, Set Custom Background. Webusayiti ya SteamGridDB ili ndi zithunzi zodulidwa kale m'miyezo imeneyi.

Zithunzizi zimakhala pa kompyuta yanu yokha, m'foda ya Steam, userdata, nambala ya akaunti yanu, config, grid. Mndandanda wa magemu akunjawo uli mu config momwemo, m'fayilo ya shortcuts.vdf. Koperani config yonse pa fulashi musanafomate kompyuta, apo ayi muyambiranso.

Magawo a gemu imodzi samatsatana, lachitatu limabwera patsogolo pa loyamba. — Wa ku Kasungu

Zimachitika chifukwa mayina ena ali ndi manambala achiroma, ena ali ndi mawu owonjezera, ndipo alifabeti sidziwa mbiri. Kuyambira 2025, mu Properties muli tsamba la Customization lomwe limalola kupatsa gemu dzina losanjira, monga Yakuza 01, Yakuza 02, dzina looneka osasintha. Njira ina ndi kuika onsewo m'gulu limodzi n'kulisanja ndi Release Date, koma samalani: tsikulo nthawi zina limakhala lomwe gemu inafika pa Steam, osati lomwe inatuluka koyamba.

Mchimwene wanga ali ku Johannesburg ndipo ali ndi magemu ambiri. Angandilowetse mu Steam Families kuti azioneka mu laibulale yanga? — Wa ku Mchinji

Mwina zikanika achimwene. Steam Families, yomwe inatsegulidwa kwa onse mu Seputembala 2024 kulowa m'malo mwa Family Sharing yakale, inapangidwira anthu a nyumba imodzi, osapitirira asanu ndi mmodzi, ndipo akaunti za m'mayiko osiyana zimakanidwa. Ubale wa magazi Valve siuwerengera. Musabwerekane pasiwedi pofuna kuzemba lamuloli, chifukwa n'zoletsedwa ndipo akaunti ikhoza kutsekedwa pamodzi ndi magemu onse a mkuluyo.

Kwa amene mukukhaladi limodzi, zimayenda chonchi. Magemu a abale amalowa mu laibulale ya aliyense, ndipo aliyense amakhala ndi maseve akeake. Awiri akhoza kusewera magemu osiyana a mwini mmodzi nthawi imodzi, zomwe kale zinkakanika, koma gemu imodzi yogulidwa kamodzi imaseweredwa ndi munthu mmodzi pa nthawi. Magemu ena opanga ake salola kugawana. Wina akagwidwa akubera pa gemu yanu, chiletso chimakugweraninso inu mwini wake. Ndipo munthu salowa n'kutuluka mwachisawawa: pamafunika chaka chathunthu kuchokera pomwe analowa m'banja lina asanalowe linanso, malo amene wasiyawo nawonso amadikira chaka.

Disiki C yadzaza. Ndidziwa bwanji gemu yomwe ikudya malo, ndipo ndingaisunthe osadawunilodanso? — Wa ku Bulawayo, Zimbabwe

Settings, Storage imaonetsa disiki iliyonse ndi magemu ake, kukula kwa iliyonse, malo amene DLC ndi zinthu za Workshop (zowonjezera zopangidwa ndi osewera) zatenga, komanso tsiku lomwe munaisewera komaliza. Sanjani motsata kukula, muyang'ane zisanu zapamwamba zokha. Kusiyana kwake n'kwakukulu: sitolo ya Steam imati Counter-Strike 2 imafuna 85 GB, Dota 2 imafuna 60 GB, Portal 2 imafuna 8 GB, pomwe Stardew Valley imafuna 500 MB. Kufufuta timagemu makumi awiri sikungafanane ndi kusuntha imodzi yaikulu.

Kusuntha kuli pa tsamba lomwelo. Onjezani disiki ina ndi Add Drive, bwererani pa C, chongani magemu, dinani Move, musankhe kopita. Musadule foda ndi manja mu File Explorer, chifukwa appmanifest ija itsalira ndipo mugwa m'vuto la mnzathu wa ku Zomba. Disiki yakunja ikhale ya NTFS. Ya FAT32 silandira fayilo yoposa 4 GB, ndipo magemu amakono ali ndi mafayilo oposa pamenepo. Ngati muli ndi SSD yaing'ono ndi hadi disiki yaikulu, siyani pa SSD magemu a dziko lalikulu omwe amachedwa kutseguka, ang'onoang'ono ndi akale apite ku hadi disiki.

Gemu yomwe mwaganiza zoichotseratu, onani kaye ngati ili ndi Steam Cloud, yomwe imasunga maseve pa intaneti, pa Properties, General. Ngati ilibe, maseve ake ali pa kompyuta yanu yokha, nthawi zambiri mu Documents kapena AppData, koma magemu ena amawasunga m'foda yawo momwemo, ndiye akopereni musanadine Uninstall. Ndipo kumene bandulo ndi yodula, gemu ya 60 GB ndi bwino kuisungira pa disiki yakunja kudzera pa Properties, Installed Files, Backup game files. Mukadzaifuna mudzaibweza podina Steam, Restore Game Backup, n'kudawuniloda maapudeti okha amene atuluka kuchokera tsiku lomwe munaisunga.